Dzina la Mtsikana Wachinayi

Amuna anga amagulitsa mafuta onunkhira, koma mukafunsa anthu a mumsewu mwathu akuuzani kuti amagulitsa mayina. Sitolo yathu ndi kachipinda kopanikizika pakati pa okonza mafoni ndi ometa tsitsi. Muli mashelefu a timabotolo, galasi lothimbirira, zipewa zomwe zinasuluka ndi dzuwa pawindo, ndi benchi pomwe amakhala anthu obwera kudzafunsa dzina la mwana. Ine malo anga ndi kuseri kwa kauntala. Ndimathira mafuta m'timabotolo, kumata timapepala, kupukuta fumbi, n'kumamva zonse ngakhale palibe amene amandifunsa maganizo.

Chiarabu anachiphunzira ali mnyamata. Za Chiheberi, Chigiriki ndi Chilatini anachita kutola m'mabuku ndevu zitamera kale. Pa mayina salipiritsa. Munthu akakhutira amagula kabotolo, akapanda kugula palibe mlandu. Chimene amadya iwo ndi ulemu, ndipo amaudya osakhuta. Akayamba kumasulira dzina amasintha ndi mawu omwe, amatsinzina, n'kumayankhula pang'onopang'ono ngati akumeza uchi.

"Bushra," amatero, "ndi Chiarabu, uthenga wabwino. Faraji ndi mpumulo wobwera mavuto atakukunthani. Yasmin ameneyu Aarabu anachita kubwereka kwa Aperezi, ndi duwa lonunkhira, ndipo mafuta ake ndi awa ali apawa."

Sabisa kanthu. Woyendetsa lole wina, chimunthu chodzaza khomo, anabwera atasankha kale kuti mwana wake akhala Paulo. Amuna anga anamuuza kuti m'Chilatini dzinalo limatanthauza wamng'ono, munthu uja anatuluka akung'ung'udza. Mayi wina wogulitsa nsalu anauzidwa kuti Sesiliya anachokera ku mawu otanthauza wakhungu, ndipo mpaka lero satipatsa moni. Ine ndinkadandaula kuti akutithamangitsira makasitomala. Iwo ankangoti dzina si mafuta oti ungathiremo madzi. Pa chimenechi ndinkawanyadira mumtima, ngakhale pakamwa sindinkawauza, kuopa kuti angatupe n'kulephera kutuluka pakhomo.

Ali ndi malamulo awiri. Loyamba, safunsa kuti mwana ndi wa yani. Amati akadziwa makolo ayamba kukondera, mwana wa wolemera n'kumupatsa dzina lonona, wa wosauka n'kumupatsa lotsala. Lachiwiri, dzina lililonse amaliyesa. Amadzuka, n'kuima pakhomo, n'kuliitana mokweza ngati akuitana mwana amene akusewera kutsidya kwa msewu. Likawakola pakhosi amabwerera n'kufuna lina. Ometa tsitsi anazolowera. Nthawi zina amayankha kuti "Wee!" ndi timawu ta kamwana, msewu wonse n'kuseka.

Tili ndi mwana mmodzi yekha, wamkazi. Anakwatiwa ndi mnyamata wofatsa, wofatsa mpaka kutopetsa, amene amagulitsa simenti ndi misomali m'sitolo ya amayi ake. Amakhala m'nyumba ya amayi akewo, m'zipinda za pamwamba. Asewere angawo ndi mayi wamasiye woyenda ndi mpukutu wa makiyi m'chiuno, ndipo m'nyumba mwawo palibe chimene chimalandira dzina popanda iwo, kaya ndi mwana kaya ndi mphaka. Adzukulu athu atatu, onse atsikana, anawatcha iwo. Amuna anga, munthu amene watcha ana a theka la tauni, sanafunsidwepo ngakhale kamodzi. Mimba iliyonse ankakonzeratu mayina awiri, n'kumawanong'ona akusesa m'sitolo, ndipo mwana akabadwa ankawapereka kwa anthu odutsa. Sankadandaula, koma ine ndakalamba nawo, ndimawadziwa akamameza malovu owawa.

Asewere ankafuna mnyamata wodzagwira makiyi aja. Woyamba atabadwa anati si kanthu, adzalera alongo ake. Wachiwiri atabadwa anati Mulungu ndi amene amadziwa. Wachitatu atabadwa anafika kuchipatala, anavundukula kansalu, anayang'ana, anavindikira, n'kufunsa namwino kuti khomo lotulukira lili kuti. Tsono mwana wanga anali ndi pakati pachinayi, miyendo itatupa, akukwera masitepe aja akupumira panjira, ndipo tonse tinkaidikira mimba imeneyi ngati chigamulo cha khoti.

M'masabata omaliza a mimba ija, masana ena, kunabwera mayi wina amene ndinali ndisanamuonepo. Anali wovala bwino, wa magalasi a mafelemu agolide, kachikwama atakakumbatira pamimba. Anakhala pabenchi, ananunkhiza timabotolo tingapo, kenaka anatsitsa mawu.

"Bambo, ine ndatumidwa. Kukubwera mwana wamkazi, makina a kuchipatala aonetsa kale. Pakhomopo atsikana achuluka, eni ake atopa. Akufuna dzina lonena kuti basi, zithere pomwepa."

"Dzina lotseka khomo," anatero amuna anga.

"Eya, mwamva. Koma likhale lokoma m'khutu. Mayi wa mwana asamve kuwawa."

Ndinasiya kuthira mafuta. Ndinkayembekezera kuti amuonetsa khomo. M'malo mwake ndinaona nkhope yawo ikuwala. Anthu ambiri amabwera kudzafuna madalitso, kuwala, mphatso, zinthu zomwe iwo angayankhe ali m'tulo. Ili linali funso lovuta, ndipo amuna anga akakumana ndi funso lovuta mtima amauika pashelefu. Anatsinzina, anagogoda kauntala ndi chala, kenaka anatsegula maso akumwetulira.

"Lilipo. Nihaya. Ndi Chiarabu chenicheni, limatanthauza mapeto. Simuli oyamba, mayi. Kumene amayankhula chinenerochi kunali mabanja amene atsikana akatsatizana ankatcha womaliza choncho, kapena Kifaya, kutanthauza kuti zakwana. Koma Kifaya ndi louma, limamveka ngati munthu akukalipa. Nihaya ndi lofewa. Dikirani ndiliyese."

Anadzuka, anaima pakhomo, anakweza mawu.

"Nihayaa! Nihayaa!"

"Wee!" anayankha ometa tsitsi, ndipo okonza mafoni anaseka.

Anabwerera akutikita m'manja. Mayi uja analibwereza mpaka analigwira bwino, anagula kabotolo kamodzi, anathokoza, n'kupita. Ndinadikira kuti akhote pakona.

"Inu bambo ake mwana, mutu wanu ukuyenda bwino?"

"Ndalakwa chiyani?"

"Mwana sanabadwe, mwamuuza kale kuti sakufunika."

"Ndamuuza ine? Ine andifunsa mawu, ndawapatsa mawu. Kodi wogulitsa mipeni amafunsa kuti ukukadula chiyani?"

"Mpeni umadulanso anyezi. Dzina limeneli lidula chiyani kupatula mwana ndi mayi ake?"

"Akanapita kwa wina akanawapatsa lonyansa kuposa pamenepa. Ine ndawapatsa lokoma."

"Kukoma kwakeko ndiye kuipa kwake. Mwana wanu yemwe ali ndi atsikana atatu, inu n'kumaimba dzina lotere pamsewu. Simukuchita manyazi?"

"Mwana wanga musamulowetse m'zimenezi," anatero, n'kuyamba kupukuta galasi lomwe sanalipukutepo chiyambire.

Sindinakayikire kanthu. Mwana wathu sanatiuze kuti anakaunikidwa, ndipo atsikana osafunidwa m'tauni muno sasowa. Ndinangopsa mtima chifukwa cha mkazi wina wosamudziwa. Ndinawaphikira osawayankhula kwa masiku angapo, kenaka nkhani inazirala monga zimazirala nkhani zonse za m'banja lakale.

Mwana wanga anachira bwino. Anali mtsikana, watsitsi lambiri, wolira ngati ali ndi mlandu ndi dziko lonse. Nditamunyamula anandigwira chala, ine mtima n'kusungunuka. Mkamwini anaima m'khonde la chipatala akuseweretsa makiyi a galimoto, osadziwa koyang'ana. Asewere ulendo uno sanabwere n'komwe, anatumiza mawu oti bondo lawavuta. Atatuluka m'chipatala ndinawaperekeza mpaka kunyumba, ndinachapa zochapa, ndinasambitsa adzukulu, koma m'nyumba ya asewere mlendo amakumbutsidwa ndi zitseko zomwe kuti ndi mlendo. Ndinabwerera kwa timabotolo tanga.

Patapita masiku, foni inalira ndili pakati pothira mafuta. Anali mwana wanga.

"Amayi, mwana amutcha dzina."

"Apongozi ako?"

"Eya. Koma akuti ulendo uno alemekeza ababa. Akuti dzina anachita kutumiza munthu kukalitenga kusitolo kwathu."

"Dzina lanji?"

"Nihaya."

Kabotolo kanandipulumuka. Mafuta anayenderera pakauntala n'kumadontha pansi.

"Sanakalilembetse kuboma," anapitiriza. "Bambo a ana akuti adikira ababa abwere adzalivomereze pamaso pa abale, popeza dzinalo ndi lawo. Abale akusonkhana mawa masana. Mubwere nawo, amayi. Mubwere nawo ndithu."

Mawu ake anali osalala, opanda chimwemwe, opanda mkwiyo. Ndinati ndi kutopa kwa uchembere. Ndinatinso sakudziwa tanthauzo lake, chifukwa dzina limenelo bambo ake anali asanaliperekepo kwa wina aliyense. Nditadula foni m'pamene ndinaona msampha wonse. Asewere akanalitola okha dzinalo, mwana wanga akanakana, ifenso tikanakana. Koma ndani angakane dzina lochokera kwa bambo ake omubala? Lamulo lija losafunsa kuti mwana ndi wa yani msewu wonse umalidziwa, ndipo asewere ali ndi makutu aatali.

Amuna anga anali atapita kukagula nsalu yopukutira. Atalowa anayamba ndi kudandaula za fungo la mafuta otayika. Ndinawauza zonse ndili chiimire. Anakhala pabenchi ya makasitomala, nkhope itatuwa ngati phulusa.

"Mayi wa magalasi uja," anatero.

"Yemweyo."

"Sindinkadziwa."

"Ndikudziwa kuti simunkadziwa. Mawa mukanena pamaso pa onse kuti dzinalo ndi loipa, mwalibweza. Sanalembetse. Akudikira pakamwa panu."

"Ndikanene kuti ine ndinapereka dzina loipa?"

"Nanga munapereka labwino?"

"Mwana wathu akamva kuti apongozi ake anachita kuitanitsa dzina lotere, zimupweteka."

"Zimupweteke. Kupweteka kwa tsiku limodzi kuli bwino kusiyana ndi mdzukulu wanu kusenza chimenechi mpaka kumanda. Aphunzitsi azidzamuitana choncho, mwamuna wake azidzamuitana choncho, inuyo muzidzamuitana choncho."

Anagwira mutu ndi manja onse awiri. Ndinawamvera chisoni pang'ono, koma sindinaonetse. Kenaka analonjeza. Anasankhiratu ndi dzina lolowa m'malo, Hiba, lomwe anati ndi Chiarabu, mphatso. M'mawa mwake ndinawamva akuyeserera mawu akumeta ndevu: "Asewere, ndinalakwitsa. Asewere, dzina lija ndabwera kudzalitenga." Anavala jekete yawo yabwino. Mubasi milomo yawo inkagwedera, akubwereza mawu aja.

Pabalaza pa asewere pali masofa omwe sanachotsedwe mapulasitiki chigulireni, wotchi yaikulu pakhoma, ndi kabati yodzaza makapu omwe samwera munthu. Tsiku limenelo makapuwo anatuluka. Munadzaza abale a kuchimuna, amalume, azakhali, akazi awo ndi amuna awo. Amene ankathira tiyi anali mayi wa magalasi agolide uja. Anatipatsa moni ndi manja awiri ngati akutiona koyamba.

Asewere anadzuka kutilandira, bondo lija litachira. Chikwatirane cha ana athu anali asanatidzukirepo. Anagwira amuna anga pamkono n'kuwatsogolera pampando waukulu wa malemu amuna awo, womwe ngakhale mkamwini saukhalira.

"Awa ndi amene ndimakuuzani aja," anauza abale. "Katswiri wa mayina. Tauni yonse imapita kwa iwowa. Ife tinachedwa kuzindikira kuti chitsime tili nacho pakhomo."

Ine anandilozera kampando ka pulasitiki pambali. Amalume ena, amene anapuma ntchito kunjanji, anasendera kutsogolo n'kutchula dzina lawo, kufunsa kuti linachokera kuti. Amuna anga anayankha motsitsa kuti ndi Chiheberi, limatanthauza kuti Mulungu wamva. Amalume aja anawomba m'manja, anati akhala nalo mpaka imvi osadziwa. Azakhali ena anafunsa lawo, anauzidwa kuti ndi Chigiriki, mtendere, ndipo amuna awo anati ndiye linasochera, pabalaza ponse n'kufa ndi phwete. Wina anafunsa, winanso anafunsa. Ndinaona magazi akubwerera kumaso kwa amuna anga. Anatsamira mpando, anayamba kutsinzina, mawu aja a uchi anayamba kutuluka. Ndinatsokomola, sanandimve.

Asewere anawasiya adye mpaka akhute, kenaka anatuma mkamwini kukaitana mkazi wake. Mwana wanga anatsika masitepe pang'onopang'ono, khanda lili m'manja, atsikana atatu aja akumutsata atagwira diresi yake. Anaima pakhomo la pabalaza. Palibe amene anamupatsa mpando.

"Tsono asewere," anatero mwini nyumba, "tiuzeni za dzina la mdzukulu wathuyu. Ife tinangolilandira, osaphunzira ife. Kapena lili ndi vuto? Ngati lili ndi vuto nenani, mwana wangayu walonjeza kuti asintha. Ife tinangokhulupirira kuti kusitolo kwanu sikutuluka dzina loipa."

Amuna anga anayang'ana m'kapu, anayang'ana mayi wa magalasi, anayang'ana amalume amene anali atangowawombera m'manja. Mwana wawo anamuyang'ana komaliza, ndipo sanachedwepo. Ndinkadziwa zomwe ankayeza mumtima. Kunena tanthauzo kunali kunenanso zomwe anafunsidwa tsiku lija, ndi zomwe anayankha, ndi kutsika pampando umenewo anthu akuona. Ndinatambasula mwendo n'kuwaponda phazi.

"Ndi Chiarabu," anatero. "Dzina lakale kwambiri."

"Tanthauzo lake?" anafunsa amalume a kunjanji.

Ananyambita milomo.

"Limanena za mwana wokondedwa. Ndi dzina labwino."

Zaka zonse zomwe ndakhala kuseri kwa kauntala ija ndinali ndisanawamvepo akunamizira dzina. Anakana kunama kwa woyendetsa lole, anakana kunama kwa mayi wa nsalu, bodza lawo loyamba anasungira mdzukulu wawo. Abale anawomba m'manja. Mkamwini anapuma ngati munthu amene watula thumba la simenti. Asewere anandiyang'ana pamwamba pa kapu yawo n'kumwetulira, ndipo ndikanakhala ndi tiyi m'manja sindikudziwa komwe akanathera.

Ndinadzuka, kampando kanagwa.

"Inu bambo ake mwana!"

"Amayi," anandidula mwana wanga, "tabwerani mundithandize, mwana wadziipitsira."

Anandigwira pamkono, zikhadabo zinalowa m'khungu. Anandikoka mpaka pamwamba.

Chipinda chawo ndi chaching'ono. Bedi, kabedi ka khanda, matiresi a atsikana ataimikidwa kukhoma, beseni, ndi chingwe cha matewera chodutsa pawindo. Anauza atsikana kuti akasewere pamasitepe, anatseka chitseko, anagoneka khanda pabedi. Silinadziipitsire. Linali m'tulo, kankhonya katatsamira patsaya.

"Mwana wanga," ndinayamba, "dzina lija silitanthauza zomwe anena bambo ako."

"Mapeto," anatero. "Ndikudziwa, amayi. Foni ndili nayo. Ndinaliyang'ana apongozi asanamalize kutsika masitepe."

Ndinakhala m'mphepete mwa bedi.

"Nanga bwanji sunanene?"

"Ndinanena. Ndinawaonetsa bambo a ana. Anati za pafoni n'zabodza, bambo ako sangapereke dzina lotere. Anati akadzanena okha ndi pakamwa pawo ndisintha, amayi anga anene zomwe anene." Anaseka kaphwete kouma. "Chikwatirane, aka kanali koyamba kuti munthu ameneyu alonjeze kutsutsa amayi ake. Ndiye ndinakuitanani. Ndinati ababa pa china chilichonse angagonje, koma pa dzina sanama."

"Tiye titsike. Ndikanena ine."

"Mukanena ngati ndani, amayi? Katswiri wanena kale. Akati ndinu mayi wokwiya, ine ndine mpongozi wamwano, ndipo ine ndi amene nditsale m'nyumba muno inu mutapita. Mawa m'mawa akalembetsa."

Zinandiwawa chifukwa zinali zoona. Ndinayang'ana khanda lija, tsitsi lake lambiri, timakutu take tofanana ndi ta agogo ake aamuna, ndipo misozi inandituluka yaukali, osati yachisoni. Mwana wanga sanalire. Anayamba kupinda matewera ouma, limodzi ndi limodzi, osandiyang'ana.

"Ndikufunseni chimodzi. Ababa ankadziwa kuti mwana ndi wanga?"

"Ayi. Ndikulumbira, sankadziwa. Ukudziwa kuti safunsa."

Ndinkaganiza kuti ndamupatsa mankhwala. Iye anasiya kupinda.

"Munalipo tsiku limenelo?"

"Ndinalipo."

"Anavutika polipereka?"

Ndinayang'ana kumbali. Mwana wobala wekha sumunamiza ndi nkhope.

"Ndimadziwa," anatero. "Akanakhala kuti ankadziwa, ndikanati anaopa apongozi anga monga tonse timawaopera, ndipo ndikanawakhululukira. Tsono iwo analipereka mosangalala, kwa mwana wa mkazi wina wotopa ngati ine. Chinawadabwitsa n'chakuti mkaziyo ndine basi."

"Anabwera kudzalibweza, mwana wanga. Anakonza ndi lina lomwe."

"Musandiuze. Sindikufuna kulidziwa."

Khanda linadzuka, linayamba kufunafuna. Analinyamula, anakhala pansi pa windo, analipatsa bere. Kunsi kunkamveka kuseka kwa abale, ndi mawu a amuna anga akumasulira dzina la munthu wina.

"Mukawauze kuti asaope, sindiwayalutsa," anatero. "Dzina likhale. Koma mwanayu akula, ndipo tsiku lina adzafunsa tanthauzo la dzina lake. Sindidzamuyankha ine. Ndidzamutumiza kwa agogo ake."

Potsanzika amuna anga anapempha kuti amunyamule mdzukulu. Mwana wanga anayankha ali pamwamba pa masitepe kuti akuyamwa. Asewere anatiperekeza mpaka pageti, anati tizibwera pafupipafupi, nyumba ndi yathu.

Tinayenda mpaka pamalo okwerera basi. Dzuwa linali likadalipo, ogulitsa zipatso akulongedza, ana a sukulu akukankhana m'mbali mwa msewu. Amuna anga anavula jekete, anaipinda pamkono, anaivalanso. Kenaka anayamba kuyankhula, maso ali pamsewu.

"Ndamuteteza. Inu mumafuna amve pamaso pa anthu onse aja kuti apongozi ake sakumufuna mwanayo? Ali ndi masiku ochepa chichirireni. Bola asadziwe. Dzina ndi mawu chabe, tidzamupezera kadzina kena kapakhomo, ndipo m'tauni muno amene amadziwa Chiarabu ndi angati?"

"Amadziwa," ndinatero.

"Ndani?"

"Mwana wanu. Anadziwa tsiku lomwe analimva. Mwamuna wake analonjeza kuti asintha mukangonena inu. N'chifukwa chake anatiitana. Paja anaima pakhomo paja ndi khanda m'manja, amadikira inu."

Anatembenuka n'kundiyang'ana, pakamwa pali yasa. Ndinawauzanso uthenga uja wa tsiku lomwe mdzukulu adzafunse, mawu ndi mawu, osachotsapo kanthu. Anayang'ana kumbuyo, kumsewu womwe tinachokera, kumene denga la nyumba ya asewere linkaonekera pamwamba pa mipanda. Anaponya phazi limodzi kulowera komweko, n'kuima.

Basi inafika, ndinakwera. Kondakitala anagwira chitseko n'kundifunsa ngati madala aja akubwera. Ndinamuuza kuti awafunse yekha.